Chifundo chimene sichifunsa mwini wake

M'chaka cha 1992, Sam Karmann, katswiri wa zisudzo wa ku France amene ambiri ankamudziwa ngati wapolisi m'sewero la pa wailesi ya kanema lotchedwa Navarro, anajambula filimu yaifupi yosapitirira mphindi 10 yotchedwa Omnibus. Filimuyi inapata mphoto ya Palme d'Or ya mafilimu aafupi pa chikondwerero cha mafilimu cha mumzinda wa Cannes ku France chaka chomwecho, ndipo mu 1993 inalandiranso mphoto ya Oscar ku America. Oonera ambiri amaseka ikamatha, ndipo kusekako n'koyenera chifukwa ndi nthabwala. Ine ndikuona kuti m'nthabwalamo muli mlandu waukulu, mlandu wa munthu wothandiza mnzake asanamve chimene mnzakeyo akufuna, ndipo ndikufuna kuuzenga mosakondera, pakuti woimbidwa mlanduyo ndi munthu wamtima wabwino.

Nkhani yake ndi yosavuta kuitsata. Bambo wina, amene mbali yake anasewera Daniel Rialet, wakwera sitima ya pamtunda imene amakwera tsiku ndi tsiku popita ku ntchito. Kondakitala poona matikiti akumuuza kuti ndondomeko ya maulendo inasintha, moti sitimayo siimanso pa siteshoni imene iye amatsikira, ndipo ingodutsa mpaka kutsogolo. Bamboyo akudandaula kuti akachedwa ntchito imuthera, ndipo ntchito ikatha banja lake lilowa m'mavuto. Atachonderera kwa nthawi, kondakitala akupita naye kwa woyendetsa sitima, amene akukana kuimitsa sitimayo koma akuvomera kuchepetsa liwiro podutsa pa siteshonipo kuti munthuyo adumphe. Akudumphadi, ndipo kuti asagwe akuthamanga m'mbali mwa sitima pamalo okwerera paja. Apa m'pamene munthu wina wa m'bogi yakumbuyo, poona mnzake akuthamanga ndi mtima wonse pambali pa sitima yoyenda, akutambasula dzanja n'kumukokera mkati, poganiza kuti wapulumutsa munthu amene sitima ikanamusiya.

Othandiza m'filimuyi alipo atatu, ndipo palibe woipa ngakhale mmodzi. Awiri oyambawo anathandiza mochedwa, monyinyirika, atayamba akana, ndipo thandizo lawo linali losakwanira. Wachitatu anathandiza mwamsanga, ndi mtima wonse, popanda kupemphedwa ndi wina aliyense. Tikanati tifunse anthu kuti wachifundo weniweni ndani pakati pa atatuwa, ambiri akanaloza wachitatuyo, chifukwa tinazolowera kuyeza chifundo poona changu cha wopereka. Komatu ndi yekhayo amene anawononga zonse. Awiri aja anali ndi chinthu chimodzi chimene iye analibe, ndicho chakuti anamva m'kamwa mwa mwini vuto kumene iye ankafuna kupita. Ndipo choluma kwambiri n'chakuti pa anthu onse a m'sitimamo, wokoka mnzake uja ndiye amene akanafika kunyumba ali wokondwa kuposa onse, n'kufotokozera a m'banja lake za ntchito yabwino imene wagwira tsiku limenelo. Kukoma mtima kumene wothandiza amamva sikutsimikizira kuti wina wathandizikadi, ndipo nthawi zina kumatseka makutu a wothandizayo kuti asamve zotsatira zake.

Ndiyenera kumuchitira chilungamo munthu ameneyu. Kawirikawiri munthu wothamanga pambali pa sitima amakhala akufuna kukwera, ndipo amene angaganize kuti wothamangayo wangotsika kumene ndi ochepa kwambiri. Nthawi yofunsa panalibe. Kuwonjezera apo, dziko la France lili ndi lamulo lokakamiza anthu kuthandizana pa ngozi, limene linayamba m'zaka za m'ma 1940 ndipo lero lili m'ndime 223-6 ya buku la malamulo a milandu. Lamuloli limati munthu amene wasiya dala kuthandiza mnzake amene ali pa ngozi, pamene akanatha kutero popanda kudziika yekha kapena ena pachiswe, angathe kulamulidwa kukhala m'ndende mpaka zaka 5 ndi kulipira chindapusa cha mayuro 75,000. Anthu okulira m'dziko lotere amaphunzira kuti kupinda manja pamene mnzako ali m'mavuto ndi mlandu wa kukhoti. Choncho sindingamuweruze kuti ndi wolakwa. Munthu akamamira m'madzi safunsidwa ngati akufuna kuvuulidwa, ndipo wokomoka pamsewu sadikiridwa kuti avomereze.

Vuto ndi lakuti timatenga khalidwe loyenera pa ngozi n'kumaligwiritsa ntchito pamene palibe ngozi. Karmann anapanikiza nthawi mwadala kuti nthabwala yake igwire, moti wokoka uja anali ndi kamphindi kochepa kokha. M'moyo wa tsiku ndi tsiku nthawi yofunsa imakhalapo yambiri, koma timachita ngati palibe, chifukwa kufunsa kumatsegula mpata woti tikanidwe, ndipo kukanidwa kumatilanda chisangalalo chokhala wothandiza. Anthu osaona amadandaula kawirikawiri za odutsa m'njira amene amawagwira pamkono mosawachenjeza n'kuwawolotsa msewu umene iwo sankafuna kuwoloka, kenako n'kuwasiya tsidya lina atasokonezeka, osadziwanso mbali imene ayang'ana. Oyenda pa njinga za olumala amasimba za anthu amene amangogwira zogwirira za kumbuyo n'kuyamba kukankha. Malangizo amene mabungwe a anthu osaona amapereka ndi achidule: yamba walankhula, funsa ngati thandizo likufunika, ndipo ngati munthuyo wavomera, mulole iyeyo agwire mkono wako. Pa 11 February 2005 dziko la France linakhazikitsa lamulo lalikulu la ufulu wofanana wa anthu olumala, limene linatsindika zoti iwo azitenga nawo mbali pa zochitika monga nzika zonse ndi zoti nyumba ndi zoyendera za anthu onse zikhale zofikirika. Lamulo lingathe kukonza masitepe ndi zitseko, koma silingathe kugwira dzanja la munthu wachifundo amene watsimikiza kale mumtima mwake kuti akudziwa kumene mnzake akupita.

Filimuyi imathera pa kukokedwa kuja, koma funso limene imasiya ndi lokhudza ulemu. Kodi munthu amene wakokeredwa m'sitima imene wavutikira kutsikamo anganene chiyani kwa womukokayo? Akakalipa, anthu onse m'bogimo amuona ngati wosayamika, chifukwa iwo aona ndi maso awo kuti wapulumutsidwa. Akathokoza, ndiye kuti wanama, ndiponso walimbikitsa mnzakeyo kuti mawa adzachitenso chimodzimodzi kwa munthu wina. Ulemu umene timaphunzitsa ana, wakuti ukapatsidwa uzilandira ndi manja awiri, umasanduka khola la wolandirayo pamene chopatsidwacho sichinali chofunika kwa iye. Wopereka ali ndi ufulu wosankha kupereka kapena kusapereka, pamene wolandira amatsala ndi njira imodzi yokha yaulemu.

Katswiri wa za chikhalidwe cha anthu wa ku France, Marcel Mauss, anafotokoza zimenezi m'nkhani yake yotchuka yonena za mphatso, Essai sur le don, imene inatuluka m'chaka cha 1925. Atasanthula miyambo ya anthu a ku Polynesia, ku Melanesia (zilumba za m'nyanja ya Pacific) ndi a m'mphepete mwa nyanja kumpoto chakumadzulo kwa America, iye anapeza kuti mphatso imayenda ndi maudindo atatu: udindo wopereka, udindo wolandira ndi udindo wobweza. Wachiwiriwo ndi umene umaiwalika kawirikawiri. Kukana mphatso kumaoneka ngati kukana ubale, ndipo m'miyambo ina imene iye anafotokoza kunali ngati kuputa nkhondo. Mauss anaonanso kuti mphatso imene munthu sangathe kubweza imamutsitsa wolandirayo. Makolo athu ankadziwa mbali ya nkhaniyi pamene ankati kupatsa n'kuika, ndipo mwambiwu timautchula polimbikitsa kuwolowa manja, koma tikauyang'ana kuchokera kwa wolandira ukutanthauzanso kuti chilichonse chimene wapatsidwa chaikizidwa mwa iwe ndipo tsiku lina chidzafunidwa. Ngati mphatso ili ndi ngongole mkati mwake, ndiye kuti kupatsa munthu chinthu chimene sanapemphe, m'njira yoti sangathe kukana, ndi kumulembera ngongole popanda chilolezo chake. Bambo wa m'filimu uja waluza ntchito mwina, ndipo pamwamba pa zimenezo ali ndi ngongole ya zikomo kwa munthu amene wamuluzitsa.

Alendo ambiri opita ku France amabwerako akudandaula kuti anthu a kumeneko ndi ouma mtima, makamaka ku Paris. Amati wogulitsa m'sitolo amakuyang'ana moipidwa ukangoyamba kufunsa mtengo usanapereke moni, ndipo munthu amene wagwira naye ntchito nthawi yaitali angathe kupitirizabe kukutchula ndi vous, mawu aulemu a anthu osazolowerana, mpaka mutagwirizana kuti muyambe kutchulana mwachinzake. Mu 2013 malo ena omwera khofi mumzinda wa Nice anatchuka m'manyuzipepala chifukwa cha mitengo imene analemba pa bolodi: woitanitsa khofi popanda mawu ena alionse mayuro 7, wowonjezera mawu opempha mwaulemu mayuro 4.25, ndipo woyamba ndi moni kenako n'kupempha mwaulemu yuro 1.40. Eni ake anati zinayamba ngati nthabwala, koma nthabwalayo inafala chifukwa inakhudza chinthu chimene Afalansa amachitenga kukhala chachikulu. Ine sindivomereza zoti mwambo umenewu ndi kuuma mtima. Moni wa Mfalansa umagwira ntchito imene odi amagwira pakhomo pathu: ngakhale utabwera ndi thumba la ufa loti upatse eni nyumba, sulowa usanaodire, ndipo umadikira kuti akuyankhe. Ulemu wa mtundu umenewu umavomereza kuti mnzako ali ndi malo ake amene iwe sungalowemo mwa kufuna kwako, ngakhale cholinga chako chitakhala chabwino chotani. Dzanja lija la m'bogi yakumbuyo linalumpha gawo limeneli.

Koma filimuyi ikanakhala yopepuka ikanakhala kuti wolumpha malire ndi wokoka yekhayo. Bambo wovutika uja nayenso akulumpha malire a anzake, ndipo chida chake ndi kuchonderera. Kondakitala ndi woyendetsa sitima ali ndi malamulo a ntchito amene sanaikidwe mwachibwana, pakuti sitima ikaima kapena kuchedwa pamalo osayenera imasokoneza zina zobwera m'mbuyo, ndipo kulola munthu kudumpha m'sitima yoyenda ndi kuika moyo wake ndi ntchito zawo pachiswe. Iye akuwasenzetsa banja lake lonse pamapewa, moti akakana aoneka ngati ndiwo amene amuchotsa ntchito. Ameneyu ndi mkakamizo, ngakhale kuti wabwera ndi mawu ofatsa. Tonse timawadziwa anthu amene amapempha mwaulemu kwambiri moti kuwakana kumaoneka ngati nkhanza, ndipo amadziwa bwino lomwe kuti ulemu wawowo ndi umene ukutseka pakamwa pa wopemphedwayo. Pamenepa ndimamulemekeza woyendetsa sitima uja pa chinthu chimodzi, chakuti anatchula poyera pamene chifundo chake chikuthera: kuchepetsa liwiro inde, kuimitsa sitima ayi. Ndingathe kutsutsa kuti ngakhale kuchepetsa liwiroko sikunali kwanzeru, ndipo akuluakulu a kampani ya sitima akanamva sakanamuyamikira. Komabe anasonyeza kuti munthu angathe kumvera mnzake chisoni popanda kupereka chilichonse chimene wapemphedwa, ndiponso kuti kukana mbali ina ya pempho sikufafaniza mbali imene wavomera.

Pali chinanso chimene chimabisika kuseri kwa kuseka. Vuto lonse linayamba ndi kusintha kwa ndondomeko ya maulendo kumene kunapangidwa mu ofesi ina kutali, ndi anthu amene saoneka m'filimumo. Siteshoni yaing'ono yachotsedwa pa ulendo, ndipo amene akutsala kuti akonze zowonongekazo ndi antchito awiri ndi mlendo mmodzi, aliyense ndi chifundo chake chosalumikizana ndi cha mnzake. Chifundo cha munthu payekha chikamagwiritsidwa ntchito potseka mabowo a dongosolo, chimagwira mwamwayi, ndipo chifundo cha wina chingathe kufafaniza cha mnzake monga zinachitikira pa siteshoni ija.

Wina angandifunse kuti, ngati tiyamba kuphunzitsa anthu kufunsa chilolezo asanathandize, kodi sitikupha mtima wothandizana? Funso limeneli ndi lolemera, ndipo sindikufuna kulipeputsa. Ndi zoona kuti mawu akuti malire afala masiku ano mpaka ena akuwagwiritsa ntchito ngati chofunda cha umbombo, moti munthu amadutsa mnzake wogwa pansi n'kumadziuza kuti akulemekeza ufulu wake. Ndi zoonanso kuti pali anthu amene manyazi amawaletsa kuvomera thandizo limene akulifunitsitsa, ndipo ukawafunsa kamodzi kokha n'kuchoka, wawasiya m'mavuto uku ukudziyesa waulemu. Kwathu kuno mlendo amayamba wakana chakudya ngakhale ali ndi njala, ndipo mwini nyumba wanzeru amadziwa kuti ayenera kubwereza. Kusiyanitsa kukana kwa manyazi ndi kukana kwenikweni ndi luso, ndipo palibe lamulo limene lingalowe m'malo mwa luso limenelo.

Yankho langa n'lakuti kubwereza pempho ndi kufunsabe. Mwini nyumba amene wanena kachiwiri kuti idyani wasiyabe chisankho m'manja mwa mlendo, ndipo amasiyana kutali ndi amene wakwiya chifukwa mlendo wakanitsitsa, kapena amene wayamba kumunena kuti ndi wonyada. Chimene ndikutsutsa ndi chifundo chimene chimalanga wokana. Ndiponso umboni wa ku France komweko ukusonyeza kuti kulemekeza malire a munthu sikuchepetsa kupatsa. Mu 1985 wanthabwala wotchuka Coluche anayambitsa bungwe la Restos du Cœur logawa chakudya kwa osowa, ndipo m'nyengo yozizira yoyamba yokha linagawa chakudya chokwana mbale pafupifupi 8.5 miliyoni. Coluche anamwalira pa ngozi ya njinga yamoto mu 1986, koma bungweli likugwirabe ntchito mpaka lero ndi anthu ongodzipereka zikwizikwi, ndipo mu 1988 nyumba ya malamulo inavomereza lamulo lochepetsera msonkho anthu opereka ku mabungwe otere, limene limadziwika ndi dzina lake. Anthu omwewo amene amaumirira pa moni ndi pa vous ndi amene amanyamula makatoni a chakudya m'nyengo yozizira. Mtunda umene amasunga pakati pawo sunawaumitse manja.

Mbali ya nkhaniyi imene imavuta kwambiri ndi pamene wolumpha malire amabisala kuseri kwa mawu akuti ndimangofuna kukoma mtima. Mu August 2018 dziko la France linakhazikitsa lamulo lolanga mchitidwe wovutitsa anthu, makamaka amayi, m'misewu ndi m'zoyendera za anthu onse ndi mawu kapena makhalidwe onyazitsa okhudza za kugonana, ndipo chindapusa chake chinkayambira pa mayuro 90 mpaka 750. Pa mtsutso umene unalipo nthawi imeneyo, otsutsa ena ankadandaula kuti lamuloli lipha mwambo wa abambo woyamikira ndi kusangalatsa amayi, umene iwo ankautcha ulemu wachifalansa. Sindikufanizira wokoka mnzake m'sitima ndi munthu wovutitsa amayi, chifukwa mitima yawo ndi yosiyana kotheratu. Chofanana ndi njira yodzitetezera, imene imaika cholinga cha wochita pamwamba pa zimene wochitiridwayo wamva. Munthu akanena kuti cholinga changa chinali chabwino, amakhala akupempha kuti mlandu uweruzidwe poyang'ana mumtima mwake, malo amene iye yekha ndiye mboni. Koma amene wawolotsedwa msewu wolakwika, amene watsatiridwa ndi mawu oyamikira amene sanawafune, ndi amene wabwezeredwa m'sitima, onsewa amakhala ndi zotsatira zenizeni zimene cholinga chabwino sichingazichotse.

Ndiye pali funso lakuti ndani amene amafunsidwa ndipo ndani amene safunsidwa. Palibe amene angagwire nduna ya boma pamkono n'kuiwolotsa msewu popanda mawu, ngakhale itaoneka yosokonezeka, ndipo bwana wa kampani akakana chakudya pa phwando palibe amene amamutcha wosayamika. Anthu amene amathandizidwa popanda kufunsidwa amakhala a mtundu umodzimodzi nthawi zonse: okalamba amene ana awo amawasamutsa m'nyumba zawo powafunira zabwino, odwala amene achibale amakambirana za matenda awo ndi dokotala iwo ali pomwepo ngati kuti palibe, olumala, osauka amene amalandira chimene wopereka wasankha, ndi alendo ochokera m'mayiko ena amene amaganiziridwa kuti sadziwa chimene akufuna. Pamenepa zikuoneka kuti kusafunsa sikuchokera mu changu chokha. Kumachokeranso m'maganizo akuti mawu a munthu uyu sangasinthe chimene ine ndaona kale kuti n'chomuyenera. Mabungwe othandiza anthu a ku Ulaya amene amagwira ntchito mu Africa akhala akudzudzulidwa kwa zaka zambiri pa chifukwa chomwechi, chobweretsa ntchito zachitukuko zokonzedwa kale ku Paris, ku London kapena ku Geneva, kenako n'kudabwa pamene eni mudzi sakuzisamalira, ndipo ambiri mwa iwo tsopano amalemba m'ndondomeko zawo kuti ayenera kuyamba amva maganizo a anthu a m'deralo ntchito isanayambe.